Kankhani ndi Pampu ya Mabowo Anayi

Gudu-gudu-gudu-khe. Gudu-gudu-gudu-khe.

Musaseke, ana inu. Umo ndi mmene inkalirira galimoto yanga yoyamba ikangodzuka m'mawa. Inkaguguda bwinobwino, kenako n'kutsokomola ngati nkhalamba imene fodya walowera polakwika. Mpaka lero ndikamva injini ya dizilo pamsewu ndimatchera khutu kudikira kachifuwa kameneko, koma sindinakamvenso. Magalimoto anu amasiku ano amayenda mwakachetechete ngati mbala.

Iwe Mapalo, ika foni pansi, poti ndiwe wayambitsa nkhaniyi. Wafunsa kuti n'chifukwa chiyani pachithunzi cha ukwati wathu a Daka, bambo awo a agogo anu aakazi, sanaime pafupi ndi mwana wawo, koma aima kutsogolo kwa galimoto, dzanja lili pa boneti ngati akuyeza mwana malungo. Agogo anu amati ankathawa dzuwa. Si zoona zimenezo. Tamverani.

Ine ndinakula wopanda bambo, wopanda mayi. Bambo anapita ndi chifuwa ine ndili kumsana, ndipo mayi anawatsatira mano anga oyamba asanaguluke. Anandilera ndi agogo anga, Anachisale, konkuno ku Nakoli, komboni ya m'Kabwe muno. Iwo anachokera ku Ntcheu kutsatira amuna awo amene anadzagwira ntchito mumgodi. Anakhala ku Kabwe moyo wawo wonse wotsala, koma Chibemba anakana kuchiphunzira. Ankati wofuna munkoyo wawo, chakumwa chonga thobwa chimene ankagulitsa, aphunzire Chichewa. Ndipo anthu ankaphunziradi, chifukwa munkoyowo unali wabwino.

M'nyumba mwathu munali pakamwa pamodzi pokha, ndipo sipanali panga. Agogo ankayamba kulankhula asanatsegule maso. Ankakalipira nkhuku, ankalangiza mbaula, ankatsutsana ndi wailesi. Ine ndinaphunzira kukhala pakona n'kumamvera. Ndinkadziwa mlendo ndi mapazi ake asanagogode. Ndinkadziwa kuti mphika watsala pang'ono kupserera ndili panja. Aphunzitsi ena anatha chaka chathunthu akuganiza kuti ndine wosalankhula. Inu a masiku ano mumalankhula ndi anthu atatu nthawi imodzi, wina ali ku Lusaka, wina ku Kitwe, koma ketulo ikamalira pambali panu simuimva.

Nditakula ndinapeza ntchito ku Highridge, yoyendetsa bwana wina wa kumgodi. Kuseri kwa nyumba yake, pansi pa mtengo wa mango, kunali galimoto ina yakale yaitali kumbuyo, imene nkhuku za wophika zinkaikiramo mazira. Bwanayo pobwerera kwawo anandiuza kuti ngati ndikuifuna ndiichotsepo, chifukwa wodzalowa m'nyumbamo sakufuna kuiona. Ndinaichotsa. Wophika uja sanandipatsenso moni mpaka imfa yake.

Galimotoyo inali ndi mphamvu ikayaka, koma kuyakako ndiye kunali nkhondo. Batire linali lotopa, sitata inali yaulesi. M'mawa uliwonse agogo ankaima pakhomo ndi beseni la vitumbuwa n'kumakuwa kuti, "Kankhani! Kankhani, ana inu, mudye!" Ana a mzere wathu wonse ankathamangira. Dzina la galimoto linakhala lomwelo. Munthu akafunsa ndi dzina langa kuti nyumba ya Lazaro ili pati, palibe ankadziwa. Akafunsa kuti kwa Kankhani n'kuti, ngakhale mwana woyamwa ankaloza.

Agogo anu aakazi ndinawadziwa chifukwa cha Kankhani yomweyo. Lamulungu lina inazima pafupi ndi msika, ana onse ali kutali. Mtsikana wina wochokera ku Misa, atavala nsapato zoyera, anaika buku lake la nyimbo padenga n'kuyamba kukankha. Itayaka anabwera pazenera akupuma wefuwefu.

"Inu simulankhula, galimoto yanu siyenda," anatero. "Nanga chimene mumatha n'chiyani?"

Ndinamuyankha patapita miyezi ingapo. Ameneyo ndiye Lusiya, amene akukuyang'anani pakhondepo ngati sakumva.

Tsono bambo ake, a Daka, anali munthu wa ku Chipata amene anakalambira ntchito ya njanji. Atapuma anamanga chigayo konkuno ku Nakoli. Anali munthu wa nthawi. Kwa iwo chinthu chosafika pa nthawi yake chinali tchimo lofunika kukaulula kwa ansembe. Nkhoswe yanga anali a Kamanga, telala wa pafupi ndi mpope. Atapita kukafunsira mbeta, a Daka anawafunsa kuti, "Mnyamatayu kwawo n'kuti?"

"Konkuno ku Kabwe," anatero a Kamanga.

"Kuno si kwawo kwa munthu. Kuno n'kuntchito."

Mawuwo atafika kwa Anachisale, anamanga chitenje n'kupita kumsika. Pofika madzulo Nakoli yense anali atamva kuti mdzukulu wawo, wamasiye yemweyo, adzanyamula mkwatibwi pa galimoto yakeyake, osati pa minibasi ngati ana a anthu a njanji. A Daka anamva. Anaitana a Kamanga n'kuwauza pamaso pa ankhoswe onse kuti, "Chabwino. Wolephera kusamala galimoto imodzi sangasamale mwana wanga. Ikafika yokha pakhomo la tchalitchi, ukwati ulipo. Ikabwera chokankha, tidzakambirananso chaka chamawa." Ndipo aliyense ankadziwa kuti chaka chamawa cha a Daka chinali ndi mnyamata wina wa tayi, kalaliki wa ku siteshoni, amene ankabwera kudzagayitsa chimanga pafupipafupi ngakhale analibe banja.

Muyenera kumvetsa, ana inu, kuti nthawi imeneyo mkamwini sankalankhula ndi apongozi ake maso ndi maso. Ukawaona akubwera, unkapatuka n'kulowa m'udzu ngati wataya kanthu. Chilichonse chinkadzera kwa nkhoswe. Iwe Chisomo, bwenzi lako lija linabwera kuno n'kundigwira chanza chogwedeza mpaka phewa, n'kunditcha mudala. Nthawi yathu akanatuluka pawindo.

Ndinagwira ntchito nyengo yonse yozizira. Ndinapeza batire labwino. Sitata ndinaiphwasula pamphasa, n'kuitsuka ndi palafini, n'kuibwezera. Magasiketi tinkadula tokha pa makatoni a sopo. Rediyeta ikamadontha tinkathiramo dzira laliwisi, ndipo dzira likalephera agogo ankapereka fodya wawo wa mphuno, akudandaula kuti galimoto yayamba kusuta kuposa mwini fodya. Tsiku limene Kankhani inayaka yokha ndi kiyi, ana a mzere wathu analira, chifukwa vitumbuwa vinathera pomwepo.

Ndiye tsiku lina ndikuchokera kutauni ndinamva kulira kwachilendo kutsogolo. Ndisanafike pakhomo nthunzi inali fuu. Nditatsegula boneti ndinapeza chokupizira mphepo chikugwedera ngati mutu wa chidakwa. Pampu ya madzi inali itasweka mkati. Imeneyo siimva dzira, siimva fodya. Popanda iyo injini imawira musanafike ndi pa msika pomwe, ndipo tchalitchi chinali kutsidya kwa njanji.

Masiku ano inu mumangojambula chitsulo ndi foni, foni n'kukuuzani dzina lake, kumene chili, mwinanso ndi dzina la agogo ake. Ife tinali ndi buku. M'tauni munali sitolo ya zipangizo za galimoto, ndipo pa kauntala pankakhala ba Mulenga, munthu wa magalasi okhuthala ndi pensulo kukhutu. Kumbuyo kwawo kunali mashelefu a mabuku aakuluakulu amene ankawatcha makatalogi, mtundu uliwonse wa galimoto buku lake. Ukatsegula unkaona injini itajambulidwa chophwasula, chitsulo chilichonse chikuuluka pachokha, ngati galimoto yaphulika mwaulemu, ndipo chilichonse chinali ndi nambala yake. Ba Mulenga sankalola munthu kukhudza tsamba. Ankanyambita chala, n'kutsika ndi rula mzere ndi mzere ngati akuwerenga Uthenga Wabwino.

"Nipaseni namba ya chasisi, mukwai," anatero mwaulemu wa Chibemba.

Nambalayo inali pa kachitsulo kokhomedwa m'mbali mwa chitseko. Ndinali nditaikopera bwinobwino. Anatsitsa buku, anatsika ndi rula, anapeza pampu, n'kuitanitsa ku Ndola. Itafika ndinathamanga nayo kunyumba itakulungidwa m'pepala la mafuta. Ndinaiika pa injini. Inali ndi mabowo atatu a mabawuti. Yanga yosweka inali ndi anayi.

Ndinabwerera.

"Mwakopa molakwa," anatero ba Mulenga. "Buku sinama."

Ndinapita kukaika pepala pa kachitsulo kaja n'kupaka pensulo pamwamba kuti nambala ituluke yokha, dzanja langa lisanamiziridwe. Inali yomweyo. Ba Mulenga anati ndiye kuti a ku Ndola ndi amene anatumiza molakwa, anthu a ku Ndola ali choncho, n'kuitanitsa ina ku Lusaka. Tinadikira. Inafika. Mabowo atatu.

Ulendo uno ndinanyamula yosweka ija n'kuiika pa kauntala. Ba Mulenga anaitembenuza ndi nsonga ya pensulo ngati khoswe wakufa. Anayang'ana m'buku, anayang'ana pampu, anayang'ananso m'buku.

"Ichi chintu mulibe mu buku ya motoka yanu," anatero. "Ndiye kuti kulibe."

"Koma chili m'manja mwanga."

"Iyo ni problemu ya manja yanu, mukwai."

Ndinawapempha kuti tiyang'ane m'mabuku enawo. Analoza mashelefu kuyambira pansi mpaka kudenga, n'kundifunsa ngati ukwati wanga uli chaka chino kapena ndikadzapuma pantchito.

Kunyumba agogo anayang'ana mapampu awiriwo n'kunena kuti, "Nanga vuto lili pati? Boola lachinayi. Anthu amaboola makutu, chitsulo n'chiyani?" Ndinawaonetsa kuti ngakhale atatuwo sakulunjika. Anati ndiye kuti azungu anapanga dala kuti wamasiye asakwatire.

Masiku anali kutha. Lusiya anadutsa pakhomo ngati akupita kumpope, n'kunena chapansipansi kuti, "Ngati n'kukankha, ndidzakankha ndekha ndi diresi laukwati." Koma tonse tinkadziwa kuti bambo ake adzakhala ataima pakhomo la tchalitchi, wotchi ili m'manja.

Tsono agogo anafuna kugayitsa chimanga cha munkoyo wa paukwati, chifukwa iwo za kulephera sankazidziwa. Thumba linali lolemera. Ine chiyambire chibwenzi ndinali ndisanapondepo pa chigayo cha a Daka. Ndinkangomva mkokomo wake patali monga aliyense wa ku Nakoli. Tsikulo ndinaika thumba pa wilibala n'kulawirira, kuti ndikafike eni ake asanadzuke. Ndinapeza wantchito wawo yekha, bambo wina wamtali, akutsegula. Anapita kuseri kukayatsa injini kuti itenthe asanathire chimanga.

Gudu-gudu-gudu-khe.

Ndinasiya wilibala. Thumba linagwa.

Gudu-gudu-gudu-khe.

Ana inu, zinali ngati wamva mawu a m'bale wako m'nyumba ya eni. Chigayo chikamagaya, phokoso la nyundo zake limameza zonse, n'chifukwa chake ndinali ndisanamvepo. Ndinazungulira kuseri n'kusuzumira pa mpata wa malata. Injini inali yoyera ndi ufa ngati mzukwa, koma ndinaidziwa. Kutsogolo kwake kunali pampu. Ndinawerenga mabawuti. Anayi. Ndinamvanso kanthu kena, lamba akulira tswii, tswii, chifukwa anali wamkulu kuposa malo ake, ndipo pambali panali kachidutswa ka sopo kamene ankamupaka kuti atonthole.

Ndinafunsa wantchitoyo kumene injiniyo inachokera. Anati a Daka anaigula kwa ogulitsa zitsulo zakale, inali ya kalole konyamula buledi kamene kanagubuduzika pamphambano.

Apo ndiye ndinamvetsa. Zaka zija malire a kumwera ali otseka, zipangizo zinkasowa, ndipo amakaniko ankaika chilichonse chimene chalowa. Injini ya Kankhani itafa, anaichotsa n'kuikamo ya lole ya buledi, osauza kachitsulo ka pachitseko. Ife miyezi yonseyi tinkaitanitsa mankhwala a munthu amene anamwalira kalekale.

Nditawafotokozera agogo anaseka mpaka kugwira khoma. "Ndiye yafanana ndi mwini wake," anatero. "Chitupa cha Zambia, m'mimba Ntcheu."

Nditabwerera kusitolo n'kutchula lole ya buledi, ba Mulenga anapeza buku la malole pansi pa ketulo yawo ya tiyi. Anapukuta fumbi, ananyambita chala, anatsika ndi rula. Pampu inalipo, mabowo anayi, yojambulidwa ngati anachita kuiona yangayo. Anavula magalasi n'kundiyang'ana mwachimwemwe.

"Mwaona manje? Buku sinama. Motoka yanu ndiye yaboza."

Sindinatsutse, chifukwa ankanena zoona. Anaimba lamya ku Ndola, kulibe. Ku Lusaka, kulibe. Anati akhoza kuitanitsa kunja, ifika mvula ikayamba. Ukwati unali Loweruka la mlungu wotsatira. Pa tsamba lomwelo, pansi pa pampu, panali chithunzi cha lamba ndi nambala yake. Ndinafunsa ngati ameneyo alipo. Anali pakhoma, pa msomali, atakhala pamenepo zaka. Ndinamugula. Ba Mulenga anandifunsa ngati ndikufuna kudzimangirira naye.

Tsono taonani mmene zinalili. M'Kabwe yense munali pampu imodzi yokha yoti ingalowe mu Kankhani, ndipo inali pa chigayo cha munthu amene ankadikira kuti ndilephere.

"Tikaibe," anatero agogo.

"Ayi, agogo."

"Tikaibwereka osawauza."

"N'chimodzimodzi, agogo."

"Ndiye kapemphe, pakamwa uli napo. Ndinakuona ukudyera."

Koma ukapempha bwanji woweruza kuti akuthandize kupambana mlandu? Ndinapita kwa a Kamanga. Anaimitsa makina osokera n'kundiyang'ana pamwamba pa magalasi. "Ine ndinatumidwa kukapempha mkazi, mwana wanga, osati zitsulo. Ukandituma zimenezo mawa udzandituma matayala." Ndinawapempha kuti angondiperekera lamba yekha, osanena chilichonse, osapempha chilichonse. Anandifunsa kuti lambayo ndi wa chiyani. Ndinati wa pachigayo akulira, ndamumva. Anapukusa mutu, koma anamutenga.

Agogo ndiye sanakhale pansi. Popeza mwambo unkawaletsa kukangana ndi a Daka ukwati usanachitike, anapeza njira yawo. M'mawa uliwonse ankatenga chimanga cha m'kambale, chosakwana ndi nkhuku ziwiri zomwe, n'kupita nacho kuchigayo. Poyembekeza ankazungulira kuseri, n'kukhala pa chidebe pafupi ndi injini, n'kuyamba kucheza nayo mokweza, a Daka ali chiimire pakhomo.

"Wadzuka bwanji, mwanawe? Ukutsokomolabe? N'za kumtundu zimenezo. M'bale wako kwathu kuja wagona, sakudya, sakumwa madzi. Mimba imodzi inu, koma wina ali ndi zonse, wina alibe. Ndi mmene lilili dziko. Usadandaule, si mlandu wako. Iwe ndiwe chitsulo chabe. Pali ena ndi anthu, koma mtima ngati njanji."

Amayi a pamzere ankaluma zitenje kuti asaseke. A Daka ankangoyang'ana wotchi.

Linafika Lachisanu, mawa lake ukwati. Kunyumba kwathu migolo ya munkoyo inali itadzaza, suti yanga itapachikidwa pa msomali. Ine ndinakhala pa njerwa kutsogolo kwa Kankhani, boneti ili yasa, ndikuyang'ana dzenje limene pankayenera kukhala pampu. Agogo anali atabwera ndi nzeru yomaliza, yoti ana abisale pansi pa nsalu kumbuyo azikankha chowerama, anthu aziyesa ndi zokongoletsa. Ine ndinkaganiza za kalaliki wa tayi uja.

Lachisanu masana ndi pamene chigayo chinkadzaza kwambiri, aliyense akufuna ufa wa Loweruka ndi Lamulungu. Mkokomo wake unkamveka mpaka pakhomo pathu, ndipo tinali titauzolowera ngati mpweya. Dzuwa litapendeka, unaleka.

Ine ndinali woyamba kumva. Patapita kanthawi agogo anatuluka, chikho chili m'manja, n'kutchera khutu. Kenako amayi anayamba kudutsa pamsewu ndi madengu a chimanga chosagaya pamutu, akunyinyirika kuti mdala uja wapenga, watseka chigayo anthu ali pamzere, popanda maliro, popanda chifukwa.

Kumbuyo kwawo ndinaona munthu akubwera wapansi, woyera ndi ufa kuyambira chipewa mpaka nsapato, atanyamula kanthu m'chiguduli. Mayendedwe ndinawadziwa. Ndinaimirira n'kuzungulira kuseri kwa galimoto, monga mwa mwambo, maso pansi.

A Daka anafika n'kuima kutsogolo kwa boneti. Sanandiyang'ane. Sanayang'ane agogo. Anasuzumira mu injini nthawi yaitali, n'kugwedeza mutu ngati munthu wakumana ndi wachibale pamaliro. Kenako anakonza kukhosi.

"Iwe Kankhani," anatero, akulankhula ndi rediyeta. "Uwauze abwana ako kuti lamba wakwana. Zaka zonsezi anthu amabwera pachigayo kudzalongolola, palibe anamva kuti akulira. Sopo wanga wapuma."

Galimoto sinayankhe.

"Uwauzenso agogo awo kuti asiye kubwera ndi chimanga cha m'kambale. Akunditherera dizilo."

Agogo anatsegula pakamwa. Anatsekanso. Ana inu, ndikanakhala ndi foni yanuyo tsiku limenelo, chimenecho ndicho ndikanajambula.

"Mawa ndidzaima pafupi nawe, chifukwa sindikukhulupirira," anapitiriza a Daka. "Misa siidikira munthu. Ndipo Lolemba m'mawa chinthu ichi chifike pachigayo, ndi mabawuti ake onse anayi."

Atatero anazungulira galimoto mpaka pamene ndinaima. Ndinafuna kupatuka, koma kumbuyo kwanga kunali khoma. Anandiyang'ana kumaso, koyamba chibadwire, n'kuika chiguduli chija m'manja mwanga. Anatembenuka n'kumapita, akusiya mapazi oyera pamsewu.

Pampu inali ikadali yofunda.